Gervazio ndi Tereza Atalimbirana Mpando ku Yunivesite

Ikani kaye mafoniwo pansi, ana inu, manja agwire chimangachi. Mphatso, tong'ola ndi chitsononkho, usadzipweteke chala ngati mlendo. Kuyambira dzulo mwakhala mukunong'onezana kuti mwapeza mayina a makolo anu m'nkhani za kukhoti, mukuyesa ine ndine gonthi. Khutu lakumanzere lokha ndi limene linafa, linali likumva bwinobwino. N'zoona. Bambo ako iwe Mphatso, mwana wanga Gervazio amene pakhomo timamutchula Geri, ndi mayi ako iwe Yamikani, Tereza mwana wa malemu mlongo wanga Marita, anakafikadi pamaso pa jaji. Zimene mwawerenga m'fonimo ndi za maloya. Za pakhomo pano palibe anazilemba, ndiye mumve kwa ine amene ndinali pakati pawo.

Muyambe mwadziwa mmene ife tinkapezera ntchito, kuti mumvetse chifukwa chake nkhaniyi inandizunguza mutu. Ine ntchito yanga yoyamba ndinaipeza popanda pepala lililonse. Ndevu zikungoyamba kumera, ndinakwera kuphiri la Ntchisi kumene ankacheka matabwa. Kapitawo wake, bambo wina wamfupi wa ku Mponela, anandiuza kuti nditambasule manja. Anayang'ana zikhatho, anandifinya phewa ngati akugula ng'ombe, n'kunena kuti, "Lowa m'dzenjemo." Intaviyu yanga inathera pomwepo.

Inu sowo ya anthu awiri simunaione. Chipika tinkachigoneka pamwamba pa dzenje, n'kuchilemba mzere ndi chingwe chopaka makala. Wina ankaima pamwamba, wina m'dzenje, n'kumakokerana sowoyo. Wapamwamba ndiye ankaona mzere, wam'dzenje ankangodya utuchi tsiku lonse, m'maso, m'mphuno, mpaka m'makutu. Kamba wathu anali mbatata yootcha ndi madzi a pakasupe, tiyi wa shuga tinkamulawa Loweruka. Masiku ano munthu amabwera ndi makina aja olira ngati njinga yamoto, mtengo umene ife tinkavutika nawo mpaka msana kuuma iye pofika masana wautha. Komabe musaganize kuti ndikuyamikira zakale zonse. Kapitawo yemweyo ankalembanso alamu ake, ena osadziwa n'kunola sowo ndi tupa komwe, n'kuwaika pamwamba ife tili m'dzenje. Tinkangoyang'ana pansi, chifukwa kokadandaula kunalibe. Kale ukaponderezedwa unkangomeza malovu.

Agogo anu aakazi, a Nambewe, kwawo ndi ku Nachisaka, ku Dowa uko. Mwamwambo wathu ndikanakakhala kwawo uchikamwini, koma pa mbumba yathu mwamuna ndinali ndekha, ndiye ndinapempha chitengwa, ndinawabweretsa kuno kufupi ndi Malomo. Mugwire bwino pamenepa: mudzi uno ndi wa amayi anga ndi alongo anga. A Nambewe anakhala pakati pa abale anga, nyumba yathu apa, ya Marita apo pali mango awo.

Marita anakwatiwa ndi mwamuna amene anapita ku migodi ya ku Joni n'kutchona. Anasiya Tereza akuyamwa. Monga tsibweni wake, mwanayo anagwera m'manja mwanga, ndipo anakula ndi Gervazio ngati mapasa. Ankapita limodzi ku sukulu ya mishoni wapansi, opanda nsapato, m'nyengo ngati ino mphepo ya kuphiri ikung'amba milomo. Inu mwavala majuzi awiriawiri koma mukunjenjemera ngati anapiye. Iwo ankangotenga mbatata yamoto m'thumba, yotenthetsa manja panjira, n'kukaidya pa buleki. A Nambewe sankasiyanitsa, futali akaphika ankagawa mofanana. Ndipo pokhala asuweni, nthabwala sizinkatha. Gervazio ankati "mkazi wanga", Tereza n'kumuyankha kuti mwamuna wa mapazi ong'aluka ngati ameneyo samufuna.

Mitima yawo inali yosiyana. Gervazio anali wa anthu. Pamaliro, ali mnyamata, ndiye ankadziwa kuti mabenchi abwerekedwe kuti, ndani akatunge madzi, ndani akauze abambo mfumu kuparishi. Tereza anali wofatsa koma wosasunthika. Tsiku lina kuchigayo wogayitsa anamudumpha pamzere n'kuyamba kugaya cha mkazi wa mwini sitolo. Tereza, kamtsikana ka sitandade faifi, anakakhala pa sikelo n'kukana kuchokapo mpaka anagaya chake. Anabwera kunyumba ali mbuu ndi ufa, osalira, osadzitama.

Onse awiri anakhoza bwino, onse awiri anafika ku yunivesite, ine matabwa ndikucheka, fodya ndikulima. Gervazio atatenga digiri yake analowa ntchito pa yunivesite ina ku Lilongwe, dzina lake tisalitchule, mu ofesi ya rejisitala. Imeneyo ndi ofesi yoyendetsa sukulu yonse: kulemba ophunzira, kukonza za mayeso, kusunga mbiri ya aliyense. Anakwera pang'onopang'ono, ndipo wachiwiri kwa rejisitala atapuma pantchito, Gervazio ndiye anauzidwa kuti agwirizire mpandowo. Anaugwirizira nthawi yaitali ndithu, ndipo ntchito inkayenda. Tereza ankagwira ntchito yonga yomweyo pa koleji ina kummwera, koma iye anali atapita kunja kukatenga digiri yachiwiri, ija mumati masitazi. Gervazio naye yake anali ataiyamba, ankaphunzira kumapeto a sabata. Makalasi anali atamaliza, kunatsala buku lija amalemba pomaliza.

Ndiye yunivesite inalengeza m'nyuzi kuti ikufuna munthu wokhazikika pampandowo, ndipo inanena poyera kuti wofunsira akhale ndi masitazi. Onse awiri anafunsira osauzana. Anakakumana tsiku la intaviyu, pa benchi ya pakhonde la ofesi. Akuti Gervazio anati, "Mkazi wanga, pakhomo panga pano ukufunapo chiyani?" Tereza anati, "Ndabwera kudzakulanda mpando." Anaseka onse, anthu ena odikira nawo n'kumadabwa.

Anasankhidwa ndi Gervazio. Anabwera kuno pa galimoto ya kuntchito, tinapha mbuzi, a Nambewe analuluta mpaka mawu kusasa. Marita anathandiza kuphika ndi mtima wonse, sankadziwa kanthu. Tereza sanabwere, anangotumiza uthenga kuti watanganidwa.

Tereza anabwera mvula ili pafupi. Anandipeza kudimba ndikuthirira nazale ya fodya. Anavula nsapato, anatenga kheni ina n'kuyamba kuthirira nane mpaka bedi lonse linatha. Kenako anakhala pa mzere n'kunena kuti, "Atsibweni, ndikupita kukhoti."

Ndinamufunsa kuti wamulakwira ndani.

"Yunivesite. Inanena kuti ikufuna wa masitazi, ndiye yalemba munthu amene alibe. Ndinawalembera kufunsa chifukwa chake, sanandiyankhe. Ndinalembanso, ali chete."

"Munthu ameneyo ndi Geri," ndinatero.

"Ndikudziwa. Sindikusumira Geri, ndikusumira amene anamulemba."

"Koma pampandopo wakhala ndani? Ukagwetsa nthambi, mbalame imene yaterapo imatani?"

Kenako anati, "Pa benchi ija tinalipo angapo, atsibweni, ndipo ena tonse tinali nayo digiriyo. Panalinso anthu amene anaona chilengezocho n'kusiya osafunsira chifukwa anaona kuti sakukwanira. Iwo anamvera lamulo n'kukhala kunyumba. Nanga ameneyu walowera khomo liti?"

Ndinamuchonderera. Ndinamukumbutsa kuti ntchito ali nayo kale, kuti mipando ina idzapezeka, kuti magazi ndi magazi. Anandimvetsera mwaulemu mpaka ndinamaliza. Anati, "Sindinabwere kudzapempha chilolezo. Ndabwera kuti musamvere pa wailesi." Anavala nsapato zake, anakapatsa moni a Nambewe kunyumba, n'kubwerera tsiku lomwelo.

Gervazio zitamufika anabwera ali wotupa. Tinakhala pakhonde pano.

"Bambo, ine ndinanamiza ndani? Ndinawauza poyera tsiku la intaviyu kuti digiriyo ndatsala pang'ono. Iwo anati palibe vuto, ntchito ukuidziwa kale. Ofesi imeneyo ndaiyendetsa ine, ophunzira atanyanyala ndinawakhazika pansi ndine. Pepala ndi limene limayendetsa ofesi?"

Ndikuuzeni zoona, ana inu, mawu akewo anandilowa. Ine ndine munthu amene ndinalembedwa ntchito poyang'ana zikhatho. Kwa ine wodziwa ntchito ndi wodziwa ntchito basi. Masiku amenewo mtima wanga unkapendekera kwa Gervazio, ngakhale pakamwa sindinkanena.

Ndinayesa zakumudzi. Ndinawaitana onse awiri, ndinaitana akuluakulu a mphakati wathu wa kutchalitchi, kuti tikambirane ngati banja. Anabwera, anakhala, anamvetsera. Koma Tereza anati nkhaniyo si ya pabanja, chifukwa amene analakwa sali pa mkeka pano. Gervazio anati ngati ndi choncho palibe chokambirana. Thobwa limene a Nambewe anakonza linatsala lambiri.

Moto weniweni unayaka pakati pa amayi awiri aja. A Nambewe ankati, "Mwana ndinamulera ndekha, ndinamusambitsa, ndinamutsuka zilonda za m'miyendo, lero akufuna kuchotsa chakudya pakamwa pa mwana wanga." Marita, amene poyamba anamukalipira Tereza, atamva mawu amenewo anatembenuka. Anati, "Kodi kulera mwana ndiye kumugula? Wanga anavutika kuphunzira, mapepala ake ndi okwana." Kenako onse awiri anandiyang'ana ine. Marita ankati, "Achimwene, mwini mbumba ndinu, Tereza ndi wanu." A Nambewe ankati, "Bambo a Geri, mwana munabereka ndi uti?"

Anasiya kupemphana mchere. Kutchalitchi wina akakhala kutsogolo wina ankakhala kumbuyo. Ndipo popeza mudzi ndi wa abale anga, amayi ambiri anaima ndi Marita. A Nambewe akafika pamjigo nkhani zinkaduka. Tsiku lina m'mawa ndinawapeza akumanga katundu mu chitenje.

"Ine pano ndine mtengwa," anatero. "Zaka zonsezi ndimayesa ndine wa pano, lero ndaona. Ndikupita kwathu. Mukadziwa mbali yanu mudzandiuze."

Anapita ku Nachisaka, ndipo alongo awo anawapatsa munda. Ine ndinatsala ndikudziphikira ndekha, munthu wa imvi. Marita ankanditumizira chakudya, ndinkachibweza, poopa kuti a Nambewe angamve kuti ndadya kwa adani. Mukuseka? Ndinaonda mpaka lamba ndinabowola kawiri. Phala langa la masiku amenewo ngakhale galu ankaliyang'ana kaye.

Milandu ya kukhoti siyenda ngati ya pabwalo la kumudzi, imene mumayamba m'mawa pofika madzulo mwagwirana chanza. Uwu unadutsa dzinja, unadutsa masika, unalowanso dzinja lina. Lero loya wadwala, mawa jaji wapita kwina, mkuja mapepala sanafike. Mkati mwa nthawi imeneyo Gervazio anamaliza buku lake lija n'kutenga masitazi ake, ndipo ife osadziwa malamulo tinkayesa kuti basi nkhani yatha. Sinathe.

Tsiku lomva mboni litakwana ndinapita. Kale ulendo wa ku Lilongwe unali wa wapansi mpaka pamsewu waukulu, kenako kudikira lole ya fodya, kukwera pamwamba pa mabelo n'kukafika uli wofiira ndi fumbi. Tsiku limenelo ndinakwera kabaza mpaka pa Malomo, minibasi mpaka mtauni, pofika nthawi ya kadzutsa ndafika. Koma ulendo sunandikomere. Njira yonse ndinkangoganiza kuti ndikakhala pati.

Nditalowa ndinaona a Nambewe ndi mlongo wawo atakhala kumbuyo kwa Gervazio, Marita atakhala kumbuyo kwa Tereza. Onse anatembenuka kundiyang'ana. Ndinakhala pa benchi yomaliza pafupi ndi chitseko, pambali pa bambo wina wa jekete lotuwa amene ankadikira mlandu wake wa malo. Anali mphunzitsi wopuma. Ataona kuti Chizungu chikundidutsa, anayamba kundimasulira monong'ona, osadziwa kuti ndine ndani.

Loya wa Tereza anaimirira n'kufunsa Gervazio ngati tsiku la intaviyu anali ndi masitazi. Gervazio anayamba kufotokoza kuti makalasi anali atamaliza. Loyayo anamudula, anati ayankhe inde kapena ayi. Gervazio anafotokozanso za zaka zimene anagwirizira mpando. Loyayo anabwereza funso lomwelo, mawu osakweza. Mwana wanga anayang'ana jaji, anayang'ana amayi ake, n'kunena kuti ayi. Mawu amenewo sindinafune womasulira. Ndinamuyang'ana Tereza, anali atawerama, akuyang'ana manja ake.

Kenako loya uja anafunsa mkulu wina wa ku yunivesite kuti ngati anaona kuti luso la pantchito n'lokwanira, analekeranji kunena choncho m'nyuzi kuti ena onse a luso afunsire nawo. Mkuluyo anatsegula mapepala, anatseka, anapempha madzi.

Mphunzitsi uja anandigunda ndi chigongono. "Pamenepa apanikizika. Mayiyu ndi wolimba mtima. Koma akuti awiriwa ndi pachibale. Makolo awo ali kuti, osawaletsa?"

Anandifunsa kuti ndabwerera mlandu uti, ndinati womwewu.

"Muli mbali iti?"

"Onse awiri anadya m'mbale yanga," ndinatero.

Mphunzitsi uja anapepesa.

Pobwerera mu minibasi funso la loya lija linkangondizungulira. Ndinakumbukira ife a m'dzenje kuphiri kuja, mmene tinkaonera alamu a kapitawo akukwera pamwamba. Gervazio sanali ngati alamu aja, ntchito ankaidziwa zedi. Koma amene anamulemba anachita zomwezo za kapitawo: kunena china pagulu, kuchita china m'chipinda. Tsiku limenelo ndi limene mtima wanga unasiya kupendekera.

Chigamulo chinatuluka patapita miyezi. Jaji anati Gervazio sananamize munthu, koma yunivesite inadziikira yokha muyezo n'kuuphwanya yokha, choncho kulembedwa kwake sikunali kovomerezeka. Zoti pano digiriyo ali nayo anati sizikusintha kanthu, chofunika ndi zimene anali nazo tsiku lija. Mpando sanaupereke kwa Tereza ayi. Analamula kuti alengezenso, ayambirenso. Gervazio anabwezedwa pa udindo wake wakale, galimoto anabweza, nyumba ya kuntchito anauzidwa kuti atulukemo. Mphatso, uyenera kuti ukukumbukira, unali ku pulaimale pamene munasamukira m'kanyumba ka lendi kaja kopanda mpanda.

Ndinamva kuti loya wa Gervazio akumulimbikitsa kuchita apilo, kutanthauza kukadandaula ku khoti lalikulu kuposa lija. Ndinanyamuka kupita ku Lilongwe. Ndinawapeza akulongedza katundu m'makatoni, a Nambewe ali pomwepo akukulunga mbale m'nyuzi. Anandipatsa mpando, moni unali waufupi.

Ndinati, "Geri, apiloyo usachite."

"Chifukwa chiyani, bambo?"

"Chifukwa jaji sanalakwe."

A Nambewe anaika mbale pansi. Anati, "Mwamva? Mbali yawo ija anena lero."

Gervazio anatembenukira kwa ine. Anati, "Ndinkadziwa kuti tsiku lina mudzasankha mbumba yanu. Ine ndine mwana chabe, wa kwa eni ku Nachisaka. Wanu weniweni ndi Tereza."

Pa moyo wanga ndamenyedwapo ndi chipika pachifuwa, koma sichinapweteke ngati mawu amenewo. Ndinamuyankha kuti, "Ukanakhala iwe ndi digiriyo, Tereza alibe, mpando n'kumupatsa iye, ndikanakuperekeza kukhoti ndi miyendo yangayi. Ntchito umaidziwa, palibe akukana. Digiri watenga. Kafunsirenso, ukalowere pakhomo, pasadzapezeke wokuloza chala. Ukachita apilo mlanduwu udzakula limodzi ndi ana ako."

Nditatsanzika palibe anandiperekeza, ngakhale kufika pageti. Ndinayenda ndekha mpaka pa siteji.

Apilo sanachite. Chifukwa chake sanandiuzepo, ndipo ine sindinafunse. Yunivesite inalengezanso, ndipo onse awiri anafunsiranso.

Za tsiku la intaviyu yachiwiri anandiuza ndi Gervazio mwini, patapita nthawi. Kunali mvula ya m'mawa. Iye anali ataima pa siteji ndi suti yake, ambulera yothyoka nthiti, minibasi zikudutsa zodzaza. Galimoto ina inamupitirira, inaima, n'kubwerera cham'mbuyo. Anali Tereza. Anatsitsa galasi n'kunena kuti, "Kwera, unyowa." Gervazio anayang'ana kumsewu ngati kukubwera minibasi, kunalibe. Anakwera. Atafika pageti la yunivesite Tereza anati, "Kolala yapindika kumbuyoko," n'kuikonza ndi dzanja lake. Anatsika, n'kukakhala pa benchi yomwe ija.

Chimanga chikuuma m'munda foni yanga inalira. Anali Gervazio, koyamba chichokereni tsiku la makatoni lija.

"Bambo, wapeza ndi Tereza."

Ndinangoti, "Pepa, mwana wanga."

"Ayi, ulendo uno mapepala ndinali nawo onse. Wandiposa basi. Koma amayi mukawauze ndinu, ine sindingathe."

M'mawa mwake ndinatenga njinga yanga yakapalasa kupita ku Nachisaka. Zitunda za kumeneko mukuzidziwa, pokwera umakankha, potsika umapemphera kuti mabuleki agwire. Ndinawapeza a Nambewe m'munda akukumba mtedza. Ndinaimika njinga pachulu, ndinawapatsa moni, ndinawauza. Khasu sanasiye.

"Ndiye mwakondwa?" anafunsa.

"Sindinakondwe. Ndatopa."

"Geri azigwira ntchito pansi pa Tereza?"

"Eya."

"Azimutchula kuti chiyani?"

"Kuntchito ndi bwana wake."

Anakumba phando lina, anakutumula dothi, anaponya pamulu. Ndinawauza kuti Geri wavomereza, kuti wanena yekha kuti waposedwa. Anati mwana wawo ndi waulemu, angatero. Kenako ndinati, "A Nambewe, tiyeni kwathu. Nyumba yazizira."

"Mtedza wanga sindinamalize."

Ndinavula jekete, ndinatenga khasu lina linali pamenepo, ndinayamba mzere wapambali pawo. Ndinakhala ku Nachisaka mpaka mtedza wonse tinakumba, tinaanika, tinathothola. Alamu anga ankandiseka kuti uchikamwini umene ndinauthawa ndili mnyamata wandipeza ndi imvi. Matumba atasokedwa a Nambewe anamanga chitenje chawo chija, tinakweza mtedza pangolo, tinabwera.

A Nambewe ndi Marita anayamba kupatsana moni wa pamsewu, wongokwanira. Zinakhala choncho mpaka Marita anadwala matenda amene anamutenga. Pamenepo a Nambewe ndi amene ankamutembenuza pamphasa ndi kumumwetsa phala, koma za mlandu sanakambiranepo mpaka tsiku lomaliza. Gervazio anagwira ntchito pansi pa msuweni wake zaka zingapo, ndipo ndinamva kuti ofesi inkayenda bwino, wina wodziwa malamulo wina wodziwa anthu. Kenako Gervazio anapeza mpando wa rejisitala pa koleji kumene ali panoko. Awiriwo amapatsana moni, pamaliro amagwirira limodzi, ana awo ndi inu mukugona chipinda chimodzi tchuthi chino. Kuposa pamenepo sindiwakakamiza.

Yamikani, ukufunsa kuti wolondola anali ndani? Zanga ndanena kale, ndipo ndinalipira pozinena. Koma agogo anu aakazi mpaka lero amati khoti linamubera mwana wawo, ndipo palibe jaji angawasinthe. Awo akutulukira pa nthochi apo, achokera ku mphakati. Akafunsa zimene timakamba, muziti za matabwa. Yamikani, nyamuka ukawalandire dengulo. Akakana ulandire ndithu, mwa nonsenu amakonda iwe, kungoti sangavomere.